Chindapusa kwa Osokoneza Mafunde a Mawu: Mtsutso wa ku Machinga ndi Balaka

Nkhani yolipiritsa chindapusa munthu amene wasokoneza mawu oyenera kumvedwa ndi anzake ili pawiri m'maboma a Machinga ndi Balaka, ndipo ngakhale kuti mbali ziwirizi zimakambidwa m'maofesi osiyana, gwero lake ndi limodzi. Mbali yoyamba ndi ya mafunde a wailesi, amene saoneka kapena kumveka kufikira atalowa m'kachipangizo kowasandutsa mawu, ndipo amayang'aniridwa ndi bungwe la MACRA. Mbali yachiwiri ndi ya phokoso lenileni, lochokera m'masipika a m'malo omwera mowa, m'matchalitchi, m'mizikiti, m'maukwati ndi m'misika ya Liwonde, Ntaja, Nselema, Ulongwe, Phalula ndi pa tauni ya Balaka. Maboma awiriwa adali boma limodzi mpaka mu 1998 pamene Balaka idapatulidwa, ndipo kalembera wa 2018 adapeza anthu 735,438 ku Machinga ndi 438,379 ku Balaka. Chiwerengero chotere, pamodzi ndi kukula kwa malo ochitira malonda m'mbali mwa misewu ikuluikulu ndi njanji, chachititsa kuti anthu a zipembedzo, ntchito ndi nthawi zogonera zosiyana akhale mothithikana kuposa kale, motero funso lakuti mlengalenga ndi wa yani layamba kufuna yankho.

Mawu ndi kunjenjemera kwa mpweya kumene kumayenda ngati mafunde pa liwiro la mamita pafupifupi 340 pa sekondi imodzi. Kuchuluka kwa maulendo amene fundelo limanjenjemera pa sekondi kumatchedwa frequency, ndipo kumayezedwa m'ma hertz, dzina lochokera kwa katswiri wa ku Germany, Heinrich Hertz. Khutu la munthu wachinyamata limamva mawu oyambira pa ma hertz 20 kufika pa 20,000, ndipo mawu a manambala otsika ndi amene amamveka a besi, pamene a manambala okwera ndi osongoka ngati a wenzulo. Kukula kwa mawu kumayezedwa padera, m'ma decibel, ndipo muyeso umenewu uli ndi khalidwe limene ambiri salizindikira, lakuti kuwonjezera ma decibel 10 kumatanthauza kuti mphamvu ya mawuwo yachuluka kakhumi, pamene kuwonjezera atatu okha kumatanthauza kuti yawirikiza kawiri. Mawu a besi ndiwo amadutsa mosavuta m'zipupa ndi m'malata, n'chifukwa chake munthu wogona kutali ndi malo a disiko samamva mawu a nyimbo koma amamva kugunda kwake kokha usiku wonse. Mafunde a wailesi ndi a mtundu wina, pakuti safuna mpweya kuti ayende ndipo amathamanga pa liwiro la kuwala, koma nawonso amasiyanitsidwa ndi frequency, ndipo awiri akakumana pa nambala imodzi womvera amangolandira kusokosera.

Pa mafunde a wailesi mtsutso si waukulu kwenikweni. Wailesi za FM zimaulutsa pakati pa 87.5 ndi 108 MHz, ndipo mpata umenewu ndi wochepa moti sungakwanire aliyense wofuna kuulutsa. Pamwamba pa 108 MHz pamayambira mafunde amene ndege zimagwiritsa ntchito pofuna kudziwa njira ndi polankhulana ndi oyang'anira mabwalo a ndege, kotero makina oulutsira mawu osakonzedwa bwino, amene amataya mphamvu kunja kwa nambala yawo, akhoza kuika miyoyo pachiswe. Bungwe la MACRA, limene lidakhazikitsidwa ndi lamulo la zofalitsa mauthenga la 1998 ndipo tsopano limayendera lamulo la 2016, ndilo limagawa manambalawa, kupereka ziphaso ndi kulanga oulutsa mopanda chilolezo. Pakuti mafunde saima pa malire a dziko, kugawaku kumatsatanso mgwirizano wa mayiko pansi pa bungwe la ITU, makamaka dongosolo la ku Geneva la 1984 la wailesi za FM, ndipo zimenezi zimakhudza Machinga mwachindunji chifukwa bomali lidachita malire ndi Mozambique cha ku Nayuchi ndi ku nyanja ya Chiuta. Anthu a m'maboma awiriwa amamvera MBC, Zodiak, Radio Maria ya ku Mangochi, Radio Islam ndi zina, ndipo palibe amene angakondwe kuti uthenga wa maliro kapena chenjezo la kusefukira kwa Shire limizidwe ndi wailesi ina yoba nambala.

Chimene chimachititsa kuti chindapusa chikhale chomveka pa nkhani ya wailesi ndi chakuti zinthu zitatu zilipo: pali kaundula wosonyeza mwini wa nambala iliyonse, pali zipangizo zoyezera zimene zimaonetsa amene walowa m'gawo la mnzake, ndipo pali bungwe limodzi lodziwika limene chigamulo chake chingathe kutsutsidwa kukhoti. Komabe mbiri ya bungweli imapatsa otsutsa chindapusa mfundo imodzi, yakuti mphamvu yoperekedwa kuti iteteze mafunde imatha kutembenuka n'kuyamba kusankha zoyenera kunenedwa. Mu 2008 wailesi ya Joy, imene inkadziwika kuti ili pafupi ndi mtsogoleri wakale wa dziko Bakili Muluzi, amene kwawo ndi ku Machinga, idalandidwa chiphaso ndipo nkhaniyo idakathera m'makhoti. Pa zionetsero za pa 20 July 2011 wailesi zoima pazokha zidaletsedwa kuulutsa zochitikazo pompopompo, ndipo mu June 2019, chisankho chitangotha, mapologalamu oimbira foni adaimitsidwa mpaka khoti lidalowererapo. Pa milandu yonseyi panalibe funde limene lidasokoneza linzake. Mu 2022 nyumba zingapo zoulutsira mawu zidalandidwanso ziphaso chifukwa cha ngongole za malipiro, zimene zidaonetsa kuti chilango cha ndalama chimatha kutseka pakamwa ngakhale pamene cholinga chake sichidali chimenecho.

Pa phokoso la m'misika ndi m'midzi m'pamene mtsutso umakula. Zaka makumi atatu zapitazo, chipangizo chokuzira mawu chinali cha mabungwe ochepa okha, monga boma, mipingo ikuluikulu ndi magulu oimba, ndipo phwando la kumudzi linkathera pamene mawu a ng'oma ndi manja a oimba ng'omayo afika. Masiku ano masipika otsika mtengo, mabatire, majenereta ang'onoang'ono ndi magetsi a sola zafika ngakhale kumene mawaya a ESCOM sadafike, ndipo kamemori kadi kamodzi kamaimba usiku wonse osatopa. Wogulitsa mankhwala a zitsamba pamsika, mnyamata woika nyimbo m'mafoni, mwini wa nyumba yoonetsera mafilimu, mlaliki wa pasiteji ya minibasi ndi mwini shabini onse amapikisana pa makutu omwewo, ndipo aliyense amakweza mawu chifukwa mnzake wakweza. Mpikisano wotere sumapindulira aliyense, pakuti pamapeto pake palibe amene akumveka bwino kuposa poyamba, koma palibenso amene angatsitse yekha osaopa kuti amizidwa.

Amene amafuna chindapusa amayambira pa thanzi. Akatswiri a zaumoyo wa apantchito amagwirizana kuti kukhala m'phokoso la ma decibel 85 kwa maola asanu ndi atatu tsiku ndi tsiku kumaononga timinyewa ta mkati mwa khutu, ndipo timeneti tikafa sitimeranso. Bungwe la WHO lidanena mu 2021 kuti anthu oposa 1.5 biliyoni padziko lonse ali ndi vuto lina lakumva, ndipo mu 2022 lidatulutsa muyeso wakuti m'malo a zisangalalo mawu asapitirire ma decibel 100 poyeza kwa mphindi 15. Malangizo ake a 1999 amati m'chipinda chogona usiku phokoso lisapitirire ma decibel 30 ndipo m'kalasi lisapitirire 35, chifukwa kusowa tulo kumakweza kuthamanga kwa magazi ndipo mwana amene sakumva bwino mphunzitsi amabwerera m'mbuyo pa kuwerenga. Chipatala chachikulu cha boma la Machinga chili pa Liwonde penipeni ndipo cha Balaka chili m'tauni, kotero odwala, amayi oyembekezera ndi anamwino ogwira usiku ali pakati pa anthu amene phokoso limawapeza popanda kothawira. Ofuna chindapusawa amatsindika kuti wovutika kwambiri ndi phokoso kawirikawiri ndi amene alibe mawu pagulu: khanda, nkhalamba, wophunzira wokonzekera mayeso a MSCE, ndi wa lendi amene sangadandaule chifukwa mwini malo omwera mowawo ndiyenso mwini nyumba.

Mfundo yawo yachiwiri ndi ya zachuma, ndipo idafotokozedwa bwino ndi Arthur Pigou wa ku Cambridge mu 1920. Iye adaonetsa kuti pamene munthu apindula ndi ntchito imene mavuto ake amagwera ena osalipidwa, ntchitoyo imachuluka kuposa muyeso woyenera, ndipo njira yobwezera zinthu m'malo ndiyo kumulipiritsa ndalama zolingana ndi vuto limene wabweretsa. Mwini bala amene nyimbo zake zimakopa makasitomala amatenga phindu lonse, pamene mtengo wa phindulo, umene ndi tulo ta mabanja oyandikana naye, salipira ngakhale tambala. Ofuna chindapusa amanenanso kuti sakupempha lamulo lachilendo, pakuti malamulo a milandu a dziko lino, amene adayamba kugwira ntchito mu 1930, amaletsa kale kuchita zinthu zosautsa anthu ambiri pamalo, lamulo la maboma aang'ono la 1998 limapatsa makhonsolo mphamvu yopanga malamulo a m'dera lawo, ndipo lamulo la zachilengedwe la 2017 lidakhazikitsa bungwe la MEPA loteteza malo okhala anthu. Gawo 13 la malamulo aakulu a dziko a 1994 limalamulanso boma kuti lionetsetse kuti anthu akukhala ndi kugwira ntchito pamalo a thanzi. Kwa iwo chosowa si lamulo ayi, koma kulimba mtima kolitsata.

Amawonjezeranso kuti chindapusa si chinthu chochokera kunja. M'madera a mafumu monga Kawinga, Liwonde, Nyambi ndi Sitola ku Machinga, kapena Kalembo, Nsamala ndi Amidu ku Balaka, munthu amene ziweto zake zadya mmera wa mnzake kapena amene watukwana pamaliro amalipa nkhuku kapena mbuzi pabwalo, ndipo cholinga chake chimakhala kuvomereza poyera kuti mnzake walakwiridwa. Ngati mudzi umazindikira kuti mbuzi yolowa m'munda wa wina yaononga, palibe chifukwa chokanira kuti phokoso lolowa m'nyumba ya wina pakati pa usiku laononganso. Mfundo imeneyi ndi yolimba kuposa mmene otsutsa amavomerezera, ngakhale kuti pabwalo la mfumu malipirowo amapita kwa wolakwiridwa kapena kwa mudzi umene ukumudziwa, pamene chindapusa cha khonsolo chimalowa m'thumba limene wosowa tuloyo sadzalionanso.

Otsutsa chindapusa amayambira pa chipembedzo ndi chikhalidwe, ndipo m'maboma awiriwa mfundoyi si yongopeka. Machinga ndi limodzi mwa maboma amene Asilamu ndi ochuluka, ndipo ku Balaka Asilamu, Akatolika, Anglican, a CCAP ndi mipingo ya chipentekoste amakhala moyandikana. Kuitanira mapemphero pa mzikiti kumachitika kasanu pa tsiku, koyamba kusanache, ndipo mipingo yambiri imachita mapemphero a usiku wonse ndi misonkhano ya chitsitsimutso. Nyengo ya zinamwali za jando ndi nsondo imadza ndi ng'oma ndi magule monga manganje, pamene maliro, sadaka, sikiri ndi zinkhoswe zimasonkhanitsa anthu mpaka mbandakucha. Gawo 33 la malamulo aakulu limateteza ufulu wa chipembedzo, gawo 26 limateteza chikhalidwe ndi chilankhulo, ndipo gawo 35 limateteza ufulu wolankhula. Ngakhale kuti gawo 44 limalola kuti ufulu uchepetsedwe ndi lamulo lomveka ndi loyenera m'dziko la demokalase, otsutsawa amati wapolisi kapena kalaliki wa khonsolo amene adzatumidwe kukalemba chindapusa ali ndi chipembedzo chake, ndipo mawu a chipembedzo cha munthu mwini sawerengedwa ngati phokoso m'makutu mwake.

Zimene zidachitika ku M'manga m'boma la Balaka mu November 2019 zimaonetsa kufulumira kwa moto wotere. Kusamvana pa nkhani yakuti atsikana achisilamu avale hijabu pa sukulu ya mpingo wa Anglican kudabutsa chipolowe chimene chidavulaza anthu ndi kuononga nyumba zopempherera, ndipo padatenga zokambirana zazitali zotsogozedwa ndi bungwe la Public Affairs Committee kuti mbali ziwirizo zisainirane mgwirizano mu 2021. Nkhaniyo sidali ya phokoso, koma idasonyeza kuti lamulo looneka laling'ono likagwa pa chipembedzo chimodzi kuposa chinzake, anthu amaliona ngati chipongwe kwa iwo onse. Mayiko ena adakumana nazo kale zimenezi. Ku Rwanda mu 2018 boma lidatseka matchalitchi mazana angapo mu mzinda wa Kigali pa zifukwa za mamangidwe ndi phokoso, ndipo mizikiti ya m'dera la Nyarugenge idaletsedwa kugwiritsa ntchito masipika poitanira mapemphero, zimene ena adaziyamikira koma ena adaziona ngati njira yofooketsera mabungwe amene boma silikuwalamulira. Ku Accra m'dziko la Ghana mafumu a mtundu wa Ga amaletsa ng'oma ndi phokoso kwa pafupifupi mwezi umodzi chaka chilichonse chikondwerero cha Homowo chisanafike, ndipo chakumapeto kwa zaka za m'ma 1990 lamuloli lidayambitsa ndewu ndi mipingo ya chipentekoste imene inkakana kulimvera.

Mfundo yachiwiri ya otsutsa ndi ya umphawi. Chindapusa cha mtengo umodzi kwa aliyense chimakhala chilango chachikulu kwa mnyamata wa kasipika kamodzi pa Ntaja, pamene kwa mwini malo ogona alendo pa Liwonde ndi ndalama ya botolo limodzi kapena awiri. Dziko lino lili kale ndi phunziro pa malamulo a milandu ing'onoing'ono: mu January 2017 khoti lalikulu ku Blantyre, pa mlandu wa Mayeso Gwanda, wogulitsa malonda amene adamangidwa akupita kumsika mbandakucha, lidagamula kuti ndime ya lamulo la vakabu imene adamumangira ikutsutsana ndi malamulo aakulu, chifukwa inkapatsa apolisi mpata womanga munthu pongomuganizira. Lamulo la phokoso lopanda muyeso wodziwika lingakhale ndi matenda omwewo. Ngati wolemba chindapusa alibe chipangizo choyezera ma decibel, chigamulo chimakhala m'khutu mwake, ndipo pamene chigamulo chili m'khutu mwa munthu mmodzi usiku popanda mboni, ziphuphu sizikhala patali. Mafoni amakono ali ndi timapologalamu toyezera mawu, koma kayezedwe kake kamasiyana foni ndi foni moti sikangadaliridwe ngati umboni kukhoti.

Balaka ilinso ndi chifukwa chake chapadera choopera lamulo lotere, pakuti ndi tauni imene mbiri yake idamangidwa pa nyimbo. Gulu la Alleluya Band lidayambira pa parishi ya Katolika ya Balaka mu 1978, ndipo kuchokera m'gululi ndi m'nyumba zojambulira nyimbo za m'tauniyi mudatuluka oimba monga Paul Banda ndi mng'ono wake Lucius Banda, amene adamwalira mu June 2024, ndi mtundu wa nyimbo umene dziko lonse lidaudziwa ndi dzina la bomali. Kuseri kwa oimba otchuka kuli anthu ambiri amene amadya chifukwa cha mawu okwezedwa: obwereketsa masipika pa maukwati, oyendetsa mwambo wa perekaniperekani, okonza zipangizo zamagetsi ndi azimayi ogulitsa zakudya pa zisangalalo. Otsutsa amafunsa ngati khonsolo imene imalephera kupereka ntchito kwa achinyamata ili ndi nkhope yowalipiritsa pa ntchito imene adadzipezera okha. Funsoli lili ndi mphamvu, ngakhale kuti silimayankha dandaulo la mnansi amene nayenso ali ndi ntchito yoti adzukire m'mawa.

Pali mfundo ina imene imafooketsa chikhulupiriro chakuti chindapusa chimachepetsa cholakwa nthawi zonse. Mu 2000 akatswiri awiri, Uri Gneezy ndi Aldo Rustichini, adasindikiza zotsatira za kafukufuku wa pa sukulu za mkaka mu mzinda wa Haifa ku Israel, kumene makolo ochedwa kudzatenga ana adayamba kulipiritsidwa kandalama kochepa. Mmalo mwakuti kuchedwa kuchepe, kudachuluka, ndipo ngakhale chindapusacho chitachotsedwa sikudabwerere pamene kudali. Kufotokoza kwake n'kwakuti makolo amene poyamba ankachita manyazi kudikiritsa mphunzitsi adayamba kuona kuchedwako ngati chinthu chogula. M'midzi ya Machinga ndi Balaka, chimene chimatsitsa wailesi pakakhala maliro kapena matenda pafupi ndi manyazi ndi ulemu, ndipo pali chiopsezo chakuti munthu akakhala ndi lisiti la khonsolo m'thumba adzayankha wodandaula kuti adalipira kale. Vutoli limakula chifukwa cha kugwa kwa ndalama: kwacha idachepetsedwa mphamvu ndi 25 peresenti mu May 2022 ndi 44 peresenti mu November 2023, kotero chindapusa cholembedwa m'malamulo a khonsolo chimasanduka chaching'ono m'zaka zochepa. Nyumba ya malamulo idazindikira kale vutoli pamene idapanga lamulo la 2005 losinthira mitengo ya zindapusa zakale.

Amene adalumikiza nkhani ya wailesi ndi ya phokoso momveka ndi Ronald Coase, amene mu 1959 adalemba za kagawidwe ka mafunde a wailesi ku America ndipo mu 1960 adakulitsa ganizo lomwelo pa mavuto a pakati pa anthu oyandikana. Iye adatenga chitsanzo cha mlandu wa ku London wa 1879, wa Sturges ndi Bridgman, pamene wopanga maswiti adagwiritsa ntchito mitondo yake yaphokoso kwa zaka zambiri popanda dandaulo, kufikira dokotala woyandikana naye adamanga chipinda choonera odwala chogundizana ndi khoma lake. Khoti lidakomera dokotala, koma Coase adaonetsa kuti vutolo lidali la mbali zonse ziwiri, pakuti kuteteza dokotala kudali kupweteka wopanga maswiti, ndipo chofunika kwambiri n'chakuti ufulu wa aliyense udziwike bwino kuti awiriwo athe kukambirana. Pa Liwonde ndi pa Balaka chitsanzochi chimabwerezedwa tsiku ndi tsiku, chifukwa matauniwa adakula mofulumira kuposa mapulani ake: chigayo chidamangidwa patchire, kenaka nyumba zidachizungulira, ndipo tchalitchi, mzikiti, sukulu ya mkaka ndi bala zimapezeka m'kanjira kamodzi. Sitima za malasha zochokera ku Moatize kupita ku Nacala, zimene zimadutsa pa Nkaya, Liwonde ndi Nayuchi usana ndi usiku, zimakumbutsanso kuti phokoso lalikulu silichokera kwa anthu wamba okha, ndipo lamulo lolanga wa kasipika n'kusiya wa njanji lifunika kufotokoza chifukwa chake.

Poyerekeza mbali ziwirizi, zikuoneka kuti otsutsa amapambana pa kufotokoza kuopsa kwa chindapusa chokonzedwa molakwika, koma amalephera kuonetsa njira imene ingateteze munthu wofooka pamene kukambirana kwakanika. Ganizo la Coase limagwira ntchito pakati pa anthu awiri olingana mphamvu, koma mabanja makumi asanu osowa tulo sangakambirane mosavuta ndi munthu mmodzi wolemera amene amadziwana ndi akuluakulu, ndipo manyazi amene amagwira kumudzi amachepa mphamvu m'tauni ya anthu obwera ndi opita. Ofuna chindapusa nawonso amalakwitsa akamaganiza kuti zimene zimatheka pa mafunde a wailesi zingasamutsidwe mmene zilili kupita pamsika, pakuti kaundula, chipangizo choyezera ndi njira yodandaulira, zimene zimachirikiza chilango cha MACRA, sizipezeka pa phokoso la pa Ulongwe. Choncho nkhani yeniyeni ili pa chimene chindapusacho chiyenera kugwera, ndipo pali muyeso umodzi umene sufuna chipangizo chodula komanso suyang'ana zimene zikunenedwa, umene ndi nthawi. Wotchi imaoneka kwa wolakwa, kwa wodandaula ndi kwa mboni mofanana, ndipo simasiyanitsa nyimbo ya uzimu ndi ya kubala.

Dziko la India, limene lili ndi zipembedzo zambiri zokonda masipika, lidatsata njira imeneyi m'malamulo ake a 2000, amene amaletsa masipika a panja kuyambira 10 koloko usiku mpaka 6 koloko m'mawa, koma amalola maboma a zigawo kupatula masiku osapitirira 15 pa chaka kuti zikondwerero zifike pakati pa usiku. Malamulowa satsatidwa mokwanira, koma ubwino wake ndi wakuti aliyense amadziwa malire. Ku Machinga ndi Balaka maola otere sangatengedwe mmene alili, chifukwa pemphero loyamba la Asilamu limaitanidwa 6 koloko isanakwane, ndipo lamulo losaganizira zimenezi lingagwere mbali imodzi kuyambira tsiku loyamba. Chotheka ndi kusiyanitsa mawu a mphindi zowerengeka, monga kuitanira mapemphero kapena belu la tchalitchi, ndi mawu okwezedwa kwa maola ambiri motsatizana, kaya ndi ulaliki, kaya ndi disiko, ndipo kusiyanitsaku kuyenera kugwirizanidwa ndi mashehe, abusa, mafumu ndi eni malonda lamulo lisanalembedwe, monga mmene mgwirizano wa hijabu udafikidwira pokambirana. Kukula kwa chindapusa kukhozanso kutsata kukula kwa bizinesi, potengera ganizo limene dziko la Finland lidayamba mu 1921 lolipiritsa munthu molingana ndi zimene amapeza pa tsiku, ndipo kwa mwini bala wobwereza cholakwa, kuimitsidwa kwa chiphaso chogulitsira mowa kumaluma kuposa ndalama iliyonse.

Maliro ndi zinamwali n'zovuta kuziika pansi pa wotchi, ndipo khonsolo yanzeru ingazisiye m'manja mwa mafumu, amene amadziwa kale kuti ndani wafedwa ndi kuti nyengo ya zinamwali yayamba liti. Chovuta kwambiri ndi nyengo ya kampeni, pamene magalimoto a zipani onyamula masipika amazungulira kuchokera pa Chingeni kudutsa Balaka mpaka Liwonde ndi Nselema, n'kumaima pafupi ndi sukulu ndi zipatala nthawi ya maphunziro. Makhansala amene ayenera kuvomereza lamulo la phokoso ndi omwenso amakwera magalimoto amenewa zaka zisanu zilizonse, ndipo malamulo a khonsolo amafunanso chivomerezo cha nduna ya maboma aang'ono asanayambe kugwira ntchito. Ndime yonena ngati galimoto ya chipani cholamula ingaimitsidwe ndi kulembedwa chindapusa pa Liwonde ndiyo idzakhale yovuta kuilemba kuposa zonse, ndipo eni mabala ndi atsogoleri a zipembedzo adzayamba kuwerenga ndime imeneyo asanavomereze zowakhudza iwo.